Mwana wa Trofim Wakhungu

Yefim Sazhin anathera unyamata wake wonse akufa m'mafilimu. Ankamuwombera m'ngalande, kumumiza mumtsinje, kumukankha pa sitima, iye n'kumagwa mwaluso ndithu, koma osapatsidwa mpata wonena ngakhale "mayo". Ku Moscow ankagona m'kachipinda kogawana khitchini ndi mabanja ena, kudya kwake mbatatesi ndi nsomba zamchere. Akazi awiri anamuthawa, ndipo palibe angawanene.

Umphawi ankaupirira. Chimene chinkamudya mtima chinali kwawo ku Vologda, kwa bambo ake, a Trofim, amene maso awo anatsala kunkhondo. Yefim akapita kukawaona, moni wake unali womwewo.

"Ati umaoneka m'filimu, iwe? Kuonekako ukauze a maso. Uyankhule ndikumve, ndiye ndikhulupirira."

Mwayi unabwera imvi zitayamba. Wowongolera filimu wina ankafuna nkhope yotopa yoti ikhale tcheyamani wa famu ya boma, munthu wa mawu ambiri, wolankhula mpaka pamaliro. Yefim analoweza zonse, anawonda nazo, mowa n'kuusiya. Kujambula kutatha mkuluyo anamusisita paphewa.

"Wagwira ntchito, Yefim. Pita ukapume."

Aliyense pa ntchitoyi amadziwa kuti mawu amakawajambula padera pambuyo pake, ndipo amene sanaitanidwe ayenera kudzifunsa. Yefim sanaitanidwe. Anangodzinamiza kuti mawu amene anawajambula kumunda aja anamveka bwino. Filimu itatuluka anakana dala kuionera, ati akayambira pamodzi ndi bambo ake. Kupusa kwake kunali pamenepo.

Filimuyo inafika kumudzi Lamlungu lina masana, holo inadzaza mpaka pakhomo. A Trofim anavala jekete la mamendulo, Yefim n'kuwakhazika kutsogolo. Nkhope yake itangotulukira, mayi Glafira oyandikana nawo nyumba anakuwa.

"Ndi uyo! A Trofim, mwana wanu uyo, chimphuno chanu chonse chija!"

Tcheyamani wa m'filimu anatsegula pakamwa, ndipo munatuluka mawu a munthu wina: aakulu, osalala, a m'tauni.

"Ayankhula liti?" anafunsa a Trofim.

"Akuyankhula kale, ndi ameneyo," anatero mayi Glafira.

Mkuluyo anapendeketsa mutu, khutu kutsogolo, n'kumvetsera mpaka kumapeto. Pa mawu a pamaliro aja azimayi analira, nayenso anapukuta m'masaya ndi chipewa. Yefim ankayang'ana milomo yake yomwe ikutafuna mawu a eni, manyazi akumuwotcha ngati wagwidwa akuba.

Filimu itatha anthu anawomba m'manja, ena kumugwira chanza Yefim. A Trofim sanadzuke pa benchi.

"Amayankhula uja ndani?"

"Wosewerayo ndine, ababa. Mawu okha anaika a munthu wina. Amatero nthawi zina."

"Chifukwa?"

"Mwina anaona kuti ndimayankhula chakumudzi."

"Ngati ine."

Mayi Glafira anayesa kuziziritsa nkhani.

"Inu a Trofim, musatero. Tonse tamuona ndi maso athu, filimu yonse ndi iyeyu."

"Mwamuona inu, mumutenge," anatero mkuluyo mokweza, kuti ndi a kumbuyo omwe amve. "Mawu a mwana wanga ndimawadziwa, ndinamukwapula mokwanira. M'menemo munalibe."

Ena anaseka, poganiza kuti ndi nthabwala za munthu wamkulu. Yefim anawagwira mkono kuti awadzutse, koma iwo anaukutumula n'kufufuza dzanja la mayi Glafira. Atafika pakhomo anaima, nkhope italoza kumene ankaganiza kuti kuli mwana wawo. Anaphonya pang'ono, moti ankalankhula ndi khoma.

"Koma woyankhula ujayo ndi mwamuna, wandiliza. Ukabwerera ku Moscow ukam'patse moni wanga."