Pepala Lobwereka la Mlongo Wanga

Mlongo wanga anaphunzirira kugwetsa anthu pa mabelo a fodya, pa famu ina kufupi ndi Darwendale kumene tinabadwira. Belo limene amuna awiri ankalinyamula akubuula, iye ankalikumbatira yekha n'kuliponya m'lole. Loweruka masana anyamata a m'komboni ankagwetsana pamchenga kuseri kwa shedi, ndipo palibe amene anamugonekapo chagada. Ine, mchemwali wake wamkulu, ndinkamuseka kuti mphamvu zonsezo n'zongotimalizira ufa.

Tsiku lina mphunzitsi wa masewera ogwetsana wochokera ku Harare anamuonerera, n'kunena kuti akufuna kukamulowetsa m'mipikisano yeniyeni, ya pamatiresi, yokhala ndi woimbira. Anangopempha chinthu chimodzi, pepala la kubadwa.

Pepalalo ndiye kunalibe. Agogo athu anabwera wapansi kuchokera ku Malawi, mayi anabadwira m'komboni osalembetsedwa, ifenso chimodzimodzi. Kwathu zimenezi tinali ndi njira yake. Mwana akafuna kulemba mayeso, ankabwereka pepala la mnzake, monga timabwerekerana sefa. Amene ndinakagogoda kwa mayi oyandikana nafe, Achishona, ndinali ine. Mwana wawo wa msinkhu womwewo anali atalowera ku Joni kalekale, pepala lake likungogona m'sutikesi. Anandipatsa ndi manja awiri.

Kwa zaka zingapo mlongo wanga anagwetsa aliyense wa sikelo yake, mpaka anakhala katswiri wa dziko lonse. Wailesi inkatchula dzina la mwana wa eni, ife n'kumalulutira. Ogonja ankadandaula kuti amasambira mankhwala a ku Malawi, ena ankati amadzola mafuta kuti aziterera. Nsanje basi. Munthu ankabwerera kudzanyamula mabelo Lolemba lililonse, mankhwala ena ati?

Kenako anamusankha kukapikisana kunja kwa dziko. Apa panafunika chitupa ndi pasipoti, ndipo ku ofesi anati abwere ndi mayi ake adzamuchitire umboni. Mayi oyandikana nafe aja anavomera kukaima ngati mayi ake. M'basi monse ndinkamubwerezetsa mlongo wanga mayina a makolo a eni ndi mudzi wawo. Mayi athu enieni anali ataumirira kupita nafe.

"Ndikangokhala pabenchi," anatero. "Pakamwa sindikatsegula. Ndikufuna ndione nawo akumujambula mwana wanga."

Ndikanawakaniza. Mpaka lero ndimadziimba mlandu.

Ku ofesi kuja kalaliki anafunsa mlongo wanga m'Chishona, maso ali papepala, "Mai vako ndevapi apa?" Ankangofuna kuti aloze mayi ake. Mayi oyandikana nafe anali ataimirira kale, akukonza chitenje. Mlongo wanga, chimunthu chodzaza khomo, anangoti njo, thukuta kamukamu. Ndinamutsina pamkono. Iye anatembenukira kubenchi.

"Mayi anga ndi awa," anatero, akuloza mayi athu.

Kalaliki anadzutsa mutu n'kuwafunsa mayi athu dzina, ndipo silinafanane ndi la papepala. Zonse zinathera pomwepo. A bungwe la masewera anamulanda ukatswiri n'kumuletsa kupikisananso, ndipo kunja kuja kunapita munthu amene iye anamugwetsapo kawiri. Nyuzipepala zinamutcha wakuba. Wakuba chiyani? Anabwereka dzina, koma msana ndi manja zinali zake. Amene ankalemba zimenezo sanabadwire m'komboni.

Komabe ine ndinamupsera mtima koopsa. Sabata yathunthu ndinkamupatsa chakudya osamuyang'ana kumaso. Kenako ndinamutsatira ku shedi, kumene anali atabwerera ku mabelo ake.

"Achimwene, munatichitiranji zimenezi? Kungotambasula chala kumene! Mukanakwera ndege inu."

Anatula belo pansi, n'kupukuta nkhope ndi chipewa.

"Ndimadziwa, achemwali. Mayi akanatsala kunyumba ndikananama bwinobwino. Koma nanga amandiyang'ana."