Nambala 5 ya pa yunifolomu ya akazi anga

Ntchito yanga yoyamba ku Mangalande anandipezera ndi akazi anga, ndipo mpaka lero salola kuti ndiiwale. Iwo anabwera kudzagwira unamwino, ine ndinangotsatira ndi masutikesi. Miyezi isanu ndinkangokhala m'fulati ku Nechells n'kumawerenga mabasi pawindo, munthu woti ku Dedza ndinali mphunzitsi wopatsidwa moni ndi msika wonse. Atamva kwa mnzawo wa kuwodi kuti koleji ina ikufuna wosamalira zovala za timu ya mpira, fomu anachita kundilembera okha.

Kochi anali Terry, mzungu wamfupi wa mawu osasa. Anandionetsa makina ochapira awiri, dirayala yokalamba, pampu ya mipira ndi thumba la majezi obiriwira khumi ndi anayi. "Sizoni ino ndikuyesa," anatero. "Ukachita bwino, koleji ikulemba ntchito yokhazikika."

Ntchitoyo ndinaigwira ndi mtima wonse. Masokosi ndinkawaviika kaye m'ndowa kuti matope asungunuke, majezi n'kuwatembenuza, n'kuwachapa ndi madzi ofunda pang'ono. Anyamatawo ndinawakonda, ngakhale mu ligi ankagonja ngati anachita kulonjeza. Koma m'chikho mwayi unatitsata, mpaka tinafika semifainolo yokasewera ku Wolverhampton.

Chimene chinkandiwawa chinali makwinya. Kwathu chovala sichivalidwa chosasita: amayi ankatiopseza ndi mphutsi, abambo, amene anali telala wapakhonde, ankatiopseza ndi manyazi. Ndiye anyamata anga akaonekere kwa eni bwalo ali ngati agona m'thumba? Majezi aja ndinapita nawo kunyumba osauza munthu, ndipo m'mawa wa Lachitatu lamasewerolo ndinayatsa simbi.

Ndinayamba ndi yaikulu kwambiri, nambala 5 ya Marlon, chimphona chathu chotchinga kumbuyo. Simbi itangofika pamsana ndinamva fungo. Nambala ija inali yapulasitiki, ndipo inachoka yonse n'kumatirira kusimbi. Jezi ina yomukwana Marlon panalibe, ndipo woyimbira mpira sakanalola munthu wopanda nambala kulowa m'bwalo.

Fungolo linadzutsa akazi anga, amene anali atangogona pochokera kuntchito.

"Bambo a Chisomo, mukuwotcha chiyani?"

Ndinawaonetsa. "Ndikangonena tikakafika kubwalo kuti ndi dirayala. Ndi yakale, akhulupirira."

"Jobu yoyamba, bodza loyamba? Afonereni abwana anu panopa. Ine sindinaime shifiti yonse kuti ndidzamve zimenezo."

Ndinaimba foni nthawi yomweyo. Terry ndinamuuza zonse. "Wasita jezi ya mpira?" anafunsa. "Minibasi inyamuka teni koloko. Bwera ndi nambala 5, kaya uitenga kuti."

Nsalu yoyera yolimba m'nyumbamo munalibe. Akazi anga anakoka sutikesi kunsi kwa bedi n'kutulutsa yunifolomu yoyera imene ankavala atangoyamba unamwino ku Malawi. Anaisunga zaka zonsezo, yopindidwa bwinobwino. Ndinajambula 5 wamkulu pamsana pake ndi pensulo, koma sizasi inandikanika kugwira. Anandilanda n'kudula okha, osandiyang'ana.

Ndinasokera m'minibasi, singano ndi ulusi woyera, monga ankandiphunzitsira abambo: kupinda m'mphepete kaye, kenako kubaya pafupipafupi. Anyamata anaseka njira yonse, wina akufunsa ngati ndisitenso mpira. Titafika, woyimbira anapititsa chala pamsoko uja n'kugwedeza mutu kuti zili bwino.

Tinagonja ndi chigoli chimodzi chakumapeto, ndipo zinandipweteka ngati ndinali m'bwalo ndine. Koma Marlon anasewera ngati sadzaseweranso. Potuluka, nambala ija itasanduka yofiirira ndi matope, jeziyo sanaiponye m'thumba ngati anzake. Anandipatsira m'manja. "Ankolo, iyi musadzaisinthe."

Pobwerera Terry anakhala pafupi nane. "Ukanati ndi dirayala, ndikanakhulupirira," anatero, "koma tikanadziwira kubwalo, ndipo Marlon akanakhala panja. Seputembala ubwerenso. Simbi uisiye kunyumba."

Ndinagwira pakolejipo zaka zinayi. Chimene ndinatolapo n'chakuti ukalakwitsa uzinena m'mawa momwemo, nthawi yokonza ikadalipo. Jezi sindinasitenso, ngakhale makwinya amandiwawabe.

Yunifolomu ija ikadali m'sutikesi, ndi bowo looneka ngati 5 pamsana. Ndinanenapo kuti ndiike chigamba, akazi anga anakana. Alendo akabwera amaitulutsa n'kuitambasula, n'kunena kuti m'nyumba muno amene anasewerako semifainolo ndi iwo.