Kaseti ya m'Chigayo

Ine ndine wosula malata. Ndowa, mbaula ndi zitini zothirira kudimba ndakhala ndikukhoma pamsika wa Mitundu kuyambira ndili mnyamata. Sukulu ndinalekezera kupulayimale. Za nyimbo sindidziwa zambiri.

Mwana wamwamuna ndinali naye mmodzi. Anapita ku Lilongwe kukagwira ntchito m'galaja, ndipo anabwerako chaka chimene tinayamba kuvotera zipani zambiri. Anabwera ndi tsitsi lofika m'mapewa, gitala yamagetsi, ndi chifuwa. Tsitsilo ndinadana nalo. Kale apolisi akanamumeta pamsewu pomwepo. Chifuwacho poyamba sindinachilabadire.

Anali ndi kaseti ya azungu imene ankaikonda kuposa chakudya. Magitala ake ankabangula ngati thirakitala yatitimira m'matope, woimbayo akukuwa ngati akumupha.

"Izi ndiye ziti?" ndinamufunsa.

"Ndi nyimbo, ababa."

"Munthuyu akumva kuwawa?"

"Eya. N'chifukwa chake akuimba."

Anandiuza kuti akufuna kupanga kaseti yake yotero, koma ya m'Chichewa. Anapeza anzake awiri ku Nathenje: mphunzitsi wina woimba gitala ya besi, ndi mwana wa Msilamu wa golosale, amene ankaimba ng'oma. Vuto linali mawu a gitala. Ikalumikizidwa ku sipika inkalira bwinobwino ngati ya kwaya, ndipo iye zimenezo sankazifuna. Tsiku lina ndinamupeza akucheka pepala la sipika yatsopano ndi lezala.

"Iwe! Wapenga?"

"Dikirani mumve."

Anakhudza nsambo. Nkhuku zinabalalika pabwalo. Ndinamva m'mano muli zizizi. Iye anamwetulira, koyamba chibwerereni.

Mbale zachitsulo zomenya pamodzi ndi ng'oma analibe, choncho anapempha ine. Ndinadula chivundikiro cha mgolo n'kuchisula. Yoyamba inalira ngati ndowa, ndinaitaya. Yachiwiri ndinaipepula m'mbali mpaka inayamba kulira nthawi yaitali ukaimenya kamodzi. Imeneyo ndinapereka. Ine sindipereka ntchito yoipa.

Magetsi anali kuchigayo cha ku Nathenje, ndipo mwini wake anatilola Lamulungu masana, makina atazima. Tinapachika masaka m'makoma. Tinaika wailesi ya kaseti pampando pakati pa chipinda. Ntchito yanga inali kudina batani lofiira ndi kukhala chete. Wina akalakwitsa, tinkayambiranso. Ng'oma ikagunda, ufa unkatsika kudenga ngati nkhungu n'kumulowa mwana wanga m'chifuwa. Nyimbo ikatha ankakhala pathumba, kutsokomolera m'kansalu, n'kukabisa m'thumba la buluku msangamsanga. Ndinkaona. Ndinamuuza kuti tileke.

"Tikaleka lero, ababa, sindidzathanso."

Ndinadina batani.

Nyimbo zake zinali za maliro. Nthawi imeneyo tinkaika achinyamata pafupifupi mlungu uliwonse, ndipo kumanda tinkangoti malemu adwala nthawi yaitali. Dzina la matendawo palibe ankalitchula. Mwana wanga, m'nyimbo ina, ankalitchula mokuwa, mobwerezabwereza, mpaka mawu kusasa.

Kaseti itatha, iyenso anatha. Tinapita naye kuchipatala ku Nkhoma. Anatilandira bwino, anayesetsa, kenako anatiuza mwaulemu kuti tikamusamalire kunyumba. Ndinamva zimene ankatanthauza. Amayi ake anali atamwalira kale, choncho womusambitsa ndi kumutembenuza ndinali ine.

M'mawa wina anandigwira dzanja.

"Ababa, kaseti ija ndikufuna ndiimve ikulira pagulu. Osati muno ayi. Anthu aimve, ine ndikuwaona."

Chidwalireni, anali asanandipemphepo kanthu kena.

Mphunzitsi uja anajambula makaseti angapo kuchokera pa yoyambayo. Ndinawamanga panjinga n'kupita ku Nathenje, kwa munthu wogulitsa makaseti ndi mawailesi m'mbali mwa msewu. Anaika imodzi. Isanapite patali anaizimitsa, n'kusintha mabatire. Anayatsanso, anazimitsanso. Anatenga thonje ndi sipiriti n'kupukuta m'kati mwa wailesi.

"Madala, akupusitsani. Tepi iyi inanyowa."

"Sinanyowe. Imalira choncho."

"Palibe tepi imalira choncho. Ndikaiika pano anthu aziti mawailesi anga ndi akufa."

Ndinapita pasiteji. Dalaivala wina wa minibasi, amene ndinamukonzerapo mbaula, anavomera kuiika. Galimoto isananyamuke mayi wina kumbuyo anakuwa kuti, "Adalaivala, injini yanuyi tikafika nayo?" Anthu anaseka. Kaseti inandibwerera kudzera pawindo.

Masiku amenewo nyuzipepala zatsopano zinali mbwee. Mphunzitsi anatumiza kaseti kwa mlembi wa ina mwa izo. Patapita nthawi anabwera nayo nyuzipepalayo, akuchita manyazi, ndipo anandiwerengera timizere tochepa pansi pa tsamba. Mlembiyo anati anyamata akumudzi akutengera phokoso la azungu, ndipo anawalangiza kuti ayambe agula sipika yabwino. Mkulu wa mpingo wathu nayenso anabwera kunyumba kudzandichenjeza kuti nyimbo zotere ndi za mdima.

"Mawu ake mwawamva?" ndinamufunsa.

"Mawu ake ali pati, achimwene? Ine ndangomva chiphokoso."

Sananame. Pa kawailesi kakang'ono mawu sankamveka, gitala inkawameza.

Ndikabwera madzulo, mwana wanga ankandiyang'ana pakhomo osafunsa. Ine sindinama. Ndinkamuuza kuti akuti yawonongeka. Ulendo woyamba anaseka mpaka kutsokomola. Pambuyo pake ankangotembenukira kukhoma. Anasiya kumwa phala. Miyendo inatsala ngati mipini ya makasu. Ndinkatuluka kukakhala kuseri kwa nyumba, nyundo ili m'manja, osakhoma kanthu. Ndinali nditagogoda paliponse pamene ndinkadziwa, ndipo mvula inali pafupi. Ndinkaona kuti mwanayo sadzaona chimanga chikumera.

Ndinapita kwa Msilamu wa golosale uja, bambo wa woimba ng'oma. Sitinkadziwana kwenikweni. Ndinavula chipewa, chinthu chimene sindichita kawirikawiri, n'kumupempha sipika yake yaikulu imene ankabwereketsa pa maukwati.

"Nyimbozo ine sindizikonda," anatero.

"Inenso."

Kenako bamboyo anaitana mwana wake kuti anyamule sipikayo pamodzi ndi batire ya galimoto.

Tsiku la msika ndinabwereka ngolo. Ndinayala matiresi, ndinamunyamula mwana wanga ngati khanda n'kumugoneka, ndinamufunditsa bulangeti ngakhale dzuwa linali likuswa mtengo. Anandipempha kuti ndimupese tsitsi. Ndinamupesa. Sipika yong'ambika ija ndinaitenganso. Ngolo ndinaiimika pamalo anga, pakati pa ndowa ndi mbaula, ndipo woimba ng'oma analumikiza mawaya.

Ndinadina batani.

Ndowa zonse zinayamba kunjenjemera. Ng'ombe zinafuna kuthawa ndi ngolo, ndinazigwira. Anthu anathamangira kudzaona ngozi. Ena anatseka makutu, ena ankaseka. Munthu wina wokonza mawailesi anadutsa pakati pa gulu, dzanja lili kutsogolo.

"Achikulire, zimitsani ndikukonzereni, muwotcha sipika ya eni!"

Ndinamugwira pamkono. Manja a wosula ndi olimba.

"Usakhudze."

Ndinakweza sipika yong'ambika ija m'mwamba kuti onse aione.

"Sinawonongeke!" ndinakuwa. "Anang'amba dala, ndi lezala, ine ndikuona. Anafuna kuti ilire chonchi. Mwini wake ndi uyu."

Anthu anayang'ana m'ngolo. Kuseka kunatha. Aliyense pamsika paja anali ataonapo nkhope yotero m'nyumba mwake kapena mwa mnansi wake. Ndipo pa sipika yaikuluyo mawu anamveka, kwa nthawi yoyamba. Itafika nyimbo yotchula dzina ija, ambiri anachoka. Bambo wina analavula pansi. Mayi wina anakoka ana ake n'kuwatseka makutu. Ndinaganiza kuti ndamunyamula mwana wanga kudzamuchititsa manyazi pamaso pa msika wonse, ndipo ndinafuna nthaka itandimeza.

Koma ena anatsala. Sanali ambiri. Pakati pawo panali mayi wogulitsa tomato, amene ndinkamudziwa chifukwa tinaika mwamuna wake ndi mwana wake wamkazi chaka chimodzi. Kaseti itatha anayandikira.

"Abambo, bwezani ija."

"Iti?"

"Mukuidziwa."

Batire inali itayamba kufooka, choncho woimba ng'oma anabweza tepi ndi bolopeni. Mayiyo anaimirira pafupi ndi sipika, manja atagwira pamutu monga achitira amayi pamaliro, koma osalira. Pamene mwana wanga ankakuwa dzina lija m'kaseti, milomo ya mayiyo inkayenda. Ndinayang'ana m'ngolo. Maso a mwanayo anali pa mayiyo, ndipo zala zake zinkayenda pabulangeti ngati zikugwira nsambo.

Pobwerera kunyumba tinayenda mtunda wautali. Ndinkaganiza kuti wagona. Kenako ndinamva kamawu kumbuyo.

"Ababa."

"Ee."

"Mbale yanu ija ikulira kwambiri. Ikuphimba gitala yanga."

"Ndinaisula bwino."

Anaseka, ndipo ulendo umenewo sanatsokomole. Titafika anapempha phala.

Chimanga anachiona chikumera, koma ngaiyaye sanazione. Pamaliro pake mkulu wa mpingo anati malemu adwala nthawi yaitali. Ine ndinaimirira n'kutchula dzina la matendawo, kamodzi, n'kukhala pansi.

Kaseti yoyamba ija ili m'kachitini kamene ndinakasulira iyo yokha. Adzukulu a mlongo wanga akabwera amandipempha kuti ndiwaikire. Isanapite patali, wina amati, "Agogo, yawonongeka." Ndimamuuza kuti akhale pansi amvere mpaka ithe.