Ndinamasulira Mawu Amene Sindinawamve

Inu owerenga, nkhani iyi yandikhala pakhosi kwa chaka chathunthu. Ndinatsala pang'ono kupha mkazi wanga, osati ndi chibakera kapena mankhwala ayi, koma ndi pakamwa pangapa. Ndinamasulira mawu a kuchipatala amene sindinawamve bwino, chifukwa ndinachita manyazi kunena kuti abwereze.

Ndine wa ku Ntcheu. Ndimalondera pa geti ya fakitale ina ku Boksburg, ndipo timachita lendi chipinda cha kuseri kwa nyumba ku Elsburg. Kuno ku Joni ndinabwera ndi satifiketi ya Fomu 4 m'chikwama, ndipo ndivomere, chizungu changa ndinkachinyadira kuposa nkhope yanga. Amalawi anzanga akafuna kulembera bwana kalata kapena kukangana ndi mwininyumba, ankadzatenga ine. Mpaka anandipatsa dzina loti Loya. Ndikamva dzinalo mapewa ankakwera okha.

Mkazi wanga, aNangozo, ananditsatira patapita zaka zitatu. Ndi munthu wofatsa, woona zinthu msanga, koma sukulu analekezera Sitandade 6. Chizulu ankadziwa chongotsikira takisi ndi chogulira buledi. Choncho kulikonse kofuna kulankhula, pakamwa pawo ndinali ine.

Mwana wathu woyamba, Tadala, anabadwa pa opaleshoni chifukwa anakhala mopingasa m'mimba. Tsiku lotuluka m'chipatala kunabwera sisita wina wamfupi, wolankhula mothamanga ngati takisi ikumusiya. Anatembenuza khadi la aNangozo, kuseri kwake n'kujambula mitanda iwiri, n'kulemba mzere pakati pake. Kenako anatchula mawu aatali achizungu othera ndi liwu loti intavo, n'kunena kuti ikhale miyezi 18, kapena zaka ziwiri ngati tingathe. Ine ndinatola zinthu zitatu zokha: intavo, mimba, ndi nambalayo. Mumtima ndinati izi si zachilendo, ndi kulera komwe kuja tinkamva pa wailesi kumudzi, koti ana azisiyana misinkhu. Sisita anandifunsa ngati ndamva. Pambali pathu panali amuna ena awiri akudikira akazi awo, mmodzi Mmalawi wondidziwa. Loya afunse kawiri pamaso pa anthu? Ndinagwedeza mutu, n'kuthokoza mwachizungu chokhuthala.

Tili m'takisi ndinawauza aNangozo kuti akuchipatala akuti Tadala ndi womuponda pamutu adzasiyane chaka ndi theka. Iwo anayang'anitsitsa khadi lija, n'kundifunsa ngati mtanda wachiwiriwo ukuimiradi tsiku lobadwa mwana. Anati pojambula mtandawo sisita anadzigwira pamimba, sanachite ngati wanyamula khanda m'manja. Ine magazi anathamanga. Ndinawafunsa kuti ayamba liti kundiphunzitsa chizungu. Anapinda khadilo, n'kuliika m'thumba la matewera.

Tsono taonani masamu a munthu wodzimva. Ndinati miyezi 18 kuchotsapo isanu ndi inayi ya mimba, itsala isanu ndi inayi. Ndiye kuti Tadala akakwanitsa miyezi isanu ndi inayi, mimba ina ikhoza kuyamba, ndipo akuchipatala sangatiloze chala. Changu ndinali nacho. Ndinkafuna tibereke awiri motsatizana, titseke, kuti aNangozo ayambe ntchito ya m'nyumba imene dona wina wa ku Boksburg ankatilonjeza. Tadala atafika miyezi isanu ndi iwiri ndinawauza kuti asiye mapilitsi olerera, poganiza kuti mphamvu yake itenga nthawi kuti ichoke m'thupi.

Anakana kawiri. Anati pa chipsera pamawawabe akanyamula ndowa. Anatinso kwathu zimenezi zimatchedwa kutumbiza, ndipo mayi wotenga mimba mwana akadali kubere amayi anzake amamuloza ndi milomo. Ine ndinaseka. Ndinati zotumbiza ndi nkhani za kumudzi, kuno tikuyendera manambala a madokotala. Inu owerenga, mawu amenewa ndikawakumbukira lero ndimafuna nthaka itang'ambika. Akumudziwo ndi madokotalawo ankanena chinthu chimodzi, wosamva ndinali ine ndekha.

Mimba inabwera mwezi wotsatira womwewo, Tadala ali ndi miyezi isanu ndi itatu. ANangozo anachedwa kuyamba sikelo chifukwa cha manyazi, mwana kumsana wina m'mimba. Atalimba mtima mimba ili ndi miyezi inayi, ine ndinali pa ntchito, ndiye anapita ndi aSisi Thoko, eni nyumba imene timakhala. ASisi Thoko anabadwira ku Springs. Bambo awo anali mchona wa ku Dedza amene anabwera ku migodi osabwereranso. Chichewa chawo ndi chothyokathyoka, chodzaza Chizulu, ndipo ine ndinkawaseka kumbali. Koma anagwirapo ntchito yosamalira odwala zaka zambiri, ndipo akapanda kumva chinthu amafunsa mpaka wofunsidwayo atatopa.

Nditaweruka ndinawapeza onse awiri atakhala pa makreti panja, makhadi awiri ali pamwendo pa aSisi Thoko, lakale lija ndi latsopano. Sanandiyankhe moni.

"Bhuti, khalani pansi," anatero aSisi Thoko. "Intavo imene ananena sisita siyambira pobadwa mwana kukathera pobadwa mnzake. Imayambira tsiku limene mimba yatha, kukathera tsiku limene mimba ina yayamba. Mtanda wachiwiriwu ndi tsiku lotenga mimba. Manje inu mwadya miyezi khumi ya bala la mkazi wanu."

Ndinayesa kutsutsa. Ndinati ndi chimodzimodzi, kungosiyana kawerengedwe. ASisi Thoko anandionetsa khadi latsopanolo. Pamwamba pake sisita wa ku kiliniki anali atalemba nambala 8 ndi cholembera chofiira, n'kuizunguliza. Anandifotokozera zimene anauzidwa, pang'onopang'ono ngati akuphunzitsa mwana. Kusiyana kwa misinkhu ya ana ndi nkhani ina, nthawi ya pakati pa mimba ndi nkhani inanso. Achipatala amawerenga yachiwiriyi chifukwa ndiyo nthawi yokhayo imene thupi la mayi limapuma. Ngakhale mimba itapita padera, kapena mwana atabadwa wakufa, amawerenga kuyambira tsiku lomwelo, ngakhale kuti miyezi yodikira amaitchula malinga ndi zimene zachitika. Kwa mayi wa opaleshoni, chipsera cha pakhungu chimanamiza. Chimauma msanga pamene cha m'chiberekero chikadali chanthete, ndipo mimba ikamakula chimakokeka. Chikhoza kung'ambika.

Ndinatembenukira kwa aNangozo ndikuyembekeza kuti andilalatira. Bwenzi zitandipepukira. Iwo anangoti, "Ndinakufunsani za mtanda uja," n'kunyamula Tadala kulowa m'nyumba.

Miyezi yotsatirayo sindinaione kukoma. Anatitumiza ku chipatala chachikulu, kumene anati magazi a aNangozo ndi ochepa, n'kuwapatsa mapilitsi owonjezera magazi. Anatipatsa tsiku la opaleshoni, lisanafike tsiku lochira, kuti matenda asayambe okha. Anatichenjeza kuti pakangomveka kupweteka kulikonse pamimba, tisadikire, tithamange. Tadala tinamuletsa kuyamwa, n'kuyamba kulira kosatonthozeka, masaya n'kuphwa. Ine ndinasanduka mlonda wa pakhomo panga pomwe. ANangozo akakwinya nkhope podzuka, ndinkathamangira pambali pawo. Ndinkatunga madzi, kuchapa, kukolopa, zinthu zimene kale ndinkati si za mwamuna. Iwo ankangondiyang'ana. Ndinkachita mantha, ndipo ndinkadziwa kuti manthawo ndinawaphika ndekha.

Kutatsala milungu itatu kuti tsiku lija lifike, linali Loweruka, ndinapita ku ntchito monga mwa masiku onse. Kuntchito kwathu mafoni timasiya mu loka. Nthawi ya nkhomaliro nditatsegula, ndinapeza aSisi Thoko andiimbira kambirimbiri. Nditawaimbira anayankha ali m'chipatala. Anati aNangozo anawerama kuti anyamule Tadala, n'kumva ngati nsalu yang'ambika m'kati. Kenako anayamba thukuta lozizira, milomo n'kuyera. Anawatengera ku chipatala pa bhaki, galimoto yapamtunda ya munthu woyandikana nafe, ndipo panthawiyo madokotala anali atalowa nawo kale kochitira opaleshoni.

Ndinatuluka pa geti ndi yunifolomu yomwe, osatsanzika. Pa renki, pokwerera matakisi, ndinapeza takisi ya ku Germiston, kumene kuli chipatalacho, muli anthu atatu okha. Inu amene mukukhala kuno mukudziwa kuti takisi sinyamuka isanadzaze, kaya wina akufa. Ndinamuchonderera dalaivala m'Chizulu, m'chizungu, mpaka m'Chichewa. Anandiyang'ana n'kupitiriza kudya chipisi chake. Ndinakhala pampando wakutsogolo ndikuwerenga anthu olowa mmodzimmodzi, foni ili m'manja, ndikuopa kuti ilira, ndikuopanso kuti siikulira. Mayi wina anafika pachitseko cha takisiyo, n'kusintha maganizo, n'kubwerera. Ndinatsala pang'ono kumukoka ndi dzanja.

Ku chipatala ndinapeza aSisi Thoko pa benchi, Tadala atagona pamiyendo pawo. M'manja anali ndi patapata mmodzi wa aNangozo, winayo anati anagwera pa bhaki. Tinakhala pamenepo mpaka dzuwa kupendeka. Chitseko chikatseguka ndinkaimirira, chikatsekeka n'kukhalanso. Ndinapemphera mapemphero opanda mutu, ndikulonjeza Mulungu zinthu zimene sindingazikumbukire.

Potsiriza kunatuluka dokotala wamkazi, wachitsikana ndithu, maso ali ofiira ndi kutopa. Analankhula modekha. Ulendo uno ndinamupempha kuti abwereze, ndipo anabwereza katatu. Chipsera chinang'ambika. Mwana anali wamwamuna, ndipo sanathe kumupulumutsa. Magazi anakana kusiya, choncho anachotsa chiberekero kuti mayi akhale moyo. Anawathira magazi, ndipo akupuma. Ndinamufunsa ngati zachitika chifukwa cha miyezi ija. Anati si mayi aliyense wotenga mimba msanga amene zimamuchitikira, ndipo nthawi zina zimagwera ngakhale amene anadikira, koma nthawi ikafupika chiopsezo chimakula. Ankafuna kundipepuza. Ine ndinamva mbali yomalizayo yokha.

M'mawa mwake aNangozo anatsitsimuka. Anali ndi mapaipi m'manja, nkhope itatuwa, ndipo anali asanadziwe chilichonse. Dokotala uja anabwera kuti awauze. Anaima kumiyendo kwa bedi, n'kuyang'ana ine kuti ndimasulire. Ndinatsegula pakamwa. ANangozo anakweza dzanja pang'ono.

"Bambo a Tadala, tulukani," anatero ndi mawu otsika. "Itanani aSisi Thoko. Ndikufuna ndimve zimene adokotala akunena, osati zimene inu mwamva."

Ndinatuluka. Ndinaima m'khonde nditanyamula Tadala, ndikumva kudzera pachitseko Chichewa chothyoka chija, chimene ndinkachiseka, chikuuza mkazi wanga kuti mwana wake wapita ndipo sadzaberekanso. Kenako ndinamva kulira kwapansipansi, kwa munthu amene bala silikumulola kulira mokweza.

Tidakali limodzi. ANangozo anachira, ngakhale satha kunyamula zolemera, ndipo ntchito ya kwa dona ija inapita kwa wina. Loweruka masana amapita kutchalitchi kukaphunzira chizungu ndi amayi anzawo. Ku chipatala sapitanso ndi ine. Sananditukwanepo ngakhale tsiku limodzi, ndipo zimenezo ndiye zimandipweteka koposa. Anzanga ndinawaletsa kunditchula dzina lija.

Akuluakulu amati safunsa anadya phula, koma kwathu amene anadya phulalo ndi munthu amene anafunsa. N'chifukwa chake ndikukupemphani, inu owerenga, makamaka amuna anzanga amene mumayankhulira akazi anu m'zipatala za kuno. Mukamva liwu loti intavo, kapena akakupatsani miyezi yoti mudikire, funsani kuti ikuyambira pati ndipo ikuthera pati. Muziwerenga kuchokera tsiku limene mimba yatha kufika tsiku limene ina yayamba, osati kufika pobadwa mwana. Miyezi isanu ndi inayi ya mimba si yopuma, musaiphatikizemo. Ngati simunamve, nenani kuti simunamve, ngakhale pamzere pali anthu okudziwani. Pemphani sisita alankhule ndi mayiyo mwini, kaya kudzera mwa mayi mnzake, chifukwa thupi ndi lake ndipo mafunso ake ndi amene ali ofunika. Ndipo inu amayi, mukaona kuti zimene akumasulirani sizikugwirizana ndi zimene maso anu aona, musapinde khadi. Bwererani mukafunse nokha, ngakhale ndi manja.

Tadala tsopano wayamba kulankhula, ndipo amafunsa chilichonse chimene waona. Tsiku lina adzafunsa chifukwa chake alibe womuponda pamutu. Amayi ake ananena kale kuti funso limenelo ndidzayankha ndine.