Ziro wa ku Wendsloh

Ku Wendsloh aliyense ankadziwa kuti Eckhard Tönjes ndi munthu wa Gundula. Osati zachibwenzi ayi, musafulumire. Anaphunzira limodzi kupulaimale, benchi imodzi, ndipo pamene Gundula Rehbein analowa ndale, Eckhard ndiye ananyamula makwerero. Iye ntchito yake inali yogawa makalata, zandale zakuya sankazitsata. Chimene ankadziwa n'kukoloweka zikwangwani za nkhope ya mnzakeyo pa mapolo a magetsi, m'mwamba ndithu, poti zidakwa sizingafikepo n'kumujambula ndevu.

Zisankho zisanu anachita zimenezi. Koyamba Gundula anapambana movutikira, n'kupita ku nyumba ya malamulo ku Berlin. Kachiwiri anangodutsa moyera. Kachitatu anagwa, koma chipani chinamulowetsa kudzera pa mndandanda wake wa anthu olowa ndi mavoti a chipani, kenako anadzukanso. Koma ku Wendsloh, mudzi wa alimi a nkhumba, sanawineko n'kamodzi komwe. Lolemba la pambuyo pa chisankho nyuzipepala ya m'boma imasindikiza zotsatira mudzi ndi mudzi, ndipo pa mzere wa Wendsloh pankalembedwa kuti Rehbein: 9. Kumowa ankawatchula mayina anthu ake: Eckhard, mkazi wake Irmtraud, banja la a Lührs anthu asanu, ndi aphunzitsi awiri. Eckhard ankamuseka, ankamuti nduna ya makwerero, iye n'kumangonyadira.

Irmtraud anamwalira mu Novembala. Gundula kumaliro sanabwere, akuti ku Berlin kunali zokambirana zofunika. Chabwino, ndi ntchito. Koma patatha sabata kunabwera khadi lopepesa, ndipo Eckhard, munthu woti wagwira makalata zaka makumi anayi, anangolipendeketsa pawindo n'kuona kuti siginechayo ndi ya makina. Sanauze munthu. Analiponya m'kabati, koma chinthucho chinamudya mumtima dzinja lonse.

Chisankho chachisanu ndi chimodzi chitayandikira anakwezabe zikwangwani, bondo likuwawa choncho. Lamlungu la voti anavala jekete lake labwino, n'kupita kukavota ku holo ya ozimitsa moto nthawi imene anthu amatuluka m'tchalitchi, kuti onse amuone monga mwa nthawi zonse. Patebulo panali Elke, mayi wogulitsa buledi. Anachonga dzina lake, n'kumupatsa pepala uku akumuseka kuti iyeyo sakufunika n'kubisala komwe, angochongera pomwepo.

Pepala lathu la voti kuno lili ndi mbali ziwiri, kumanzere munthu, kumanja chipani. Kumanja anachonga osaganiza. Kumanzere cholembera chinaima pa dzina la Gundula, mtima n'kumuuza kuti lero lokha akhaule. Anasiya mbali yonseyo osachonga. Ankati pa mavoti asanu ndi atatu otsalawo, pakasowa imodzi ndani angadziwe kuti ndi ya yani?

Ha, munthu wa positi kuiwala za positi! A Lührs onse anali atavota kale pa kalata poti ankapita kutchuthi. Aphunzitsi aja chimodzimodzi, masiku ano ndiye fasho. Ndipo mavoti a m'makalata sawerengedwa m'mudzi, amakawerengera kuboma pamodzi ndi a midzi ina. Lolemba m'mawa Eckhard anatsegula nyuzipepala akumwa khofi. Gundula wagwa, ndipo ulendo uno mndandanda sunamupulumutse, zaka makumi awiri zathera pomwepo. Anatsitsa chala mpaka pa mzere wa Wendsloh. Rehbein: 0.

Manyazi anamugwira. Voti yake sikanasintha kanthu, mayiyo anagwa ndi mavoti zikwi zitatu. Koma ziro ameneyo anali ndi mwini wake, ndipo mudzi wonse umatha kuwerenga. Masiku awiri sanatuluke, ankadya buledi wouma. Chovuta n'chakuti a khonsolo amafuna zikwangwani zichoke pasanathe sabata, ndipo wina woti n'kuzitsitsa panalibe.

Lachitatu ali pamwamba pa makwerero, moyang'anizana ndi sitolo ya Elke, akudula tizingwe ta pulasitiki, panaima kagalimoto. Anatuluka Gundula, woyendetsa yekha, nkhope yotopa, yosiyana kutali ndi imene Eckhard anali atagwira m'manjamo. Anati akuzungulira midzi kuthokoza anthu ake. Anagwira makwerero ndi manja awiri n'kuyang'ana m'mwamba.

"Ecki, ziro uja ndamuona. Ndinaseka ndekha. Nawenso wayamba kuvota pa kalata, eti? Bondo lija?"

Mpata unalipo. Akanangonena kuti ayi Gundula, ndinapita ndekha, ndinakwiya, unandipepesa ndi makina pa maliro a mkazi wanga. Koma atayang'ana imvi za mnzakeyo pansipo, nkhani ya khadi inamuonekera yaing'ono, yachibwana, yosati n'kutuluka pakamwa pa mwamuna wamkulu ngati iye.

"Eya," anatero. "Pa kalata."

"Ndinadziwa ine. Ku ofesi ena amati mwina watitaya, ndinawakalipira. Ndinati onse atha kundithawa, koma osati Ecki." Anagogoda makwerero ndi chikhato. "Malizitsa, ndikagule makeke awiri kwa Elke tidye limodzi."

Anawoloka msewu. Eckhard anamutsatira ndi maso. Ali pamwambapo ankaona zonse kudzera pagalasi la sitolo: Elke akupukuta manja n'kupereka moni, Gundula akuloza kunja, akuseka, akufotokoza. Kenako Elke, yemwe uja anamupatsa Eckhard pepala la voti m'manja, anasiya kumwetulira. Anasuzumira kumakwerero, n'kunena mawu ochepa chabe. Gundula anatembenuka pang'onopang'ono. Eckhard anali akadali pamwamba, chikwangwani chili m'manja, ndipo pobisala panalibe.