Tsiku Limene Ndinaneneza Ababa kwa Dokotala

Ndikukumbukira chaka chimene ababa anabwera kuchokera kuchipatala ndi bondo lachitsulo. Ndinali sitandade sikisi, chitsiriza m'banja la ana asanu, ndipo tinkakhala ku Chirimba. Ababa anali telala, ankasoka pakhonde la sitolo ya Mmwenye wina ku Limbe, pa makina akuda opalasa ndi miyendo. Bondo lawo lakumanja linavulala kalekale atagwa pa njinga yamoto, ndipo ululu utafika posapiririka, madokotala analichotsa n'kuikamo lopanga. Ine nkhani ya chitsuloyo inandisangalatsa kwambiri, moti tsiku lina akuwodzera masana ndinawaika pabondopo maginito a sipika yakufa. Sanamatirire. Ndinakhumudwa.

Potuluka m'chipatala anawapatsa pepala lojambulidwa tianthu tikupinda miyendo, n'kuwauza kuti azichita zimenezo katatu pa tsiku. Masiku oyambirira anayesa. Thukuta linkachita kuyenderera m'khosi, mano ali gwa. Kenaka pepala lija linalowa pansi pa wailesi. Amayi ankalawirira kuntchito yawo yosesa m'maofesi m'tauni, azikulu anga aliyense ndi zake, choncho amene ankaona zonse ndinali ine. Ndikaweruka kusukulu ndinkawapeza pamthunzi wa mpapaya, mwendo atausanjika pa kireti. Madzulo amayi akafunsa ngati apinda bondo, ankayankha kuti apinda, uku akunditsinzinira diso.

Patatha miyezi iwiri, mwendo uja unauma ngati munsi. Tsiku lokaonana ndi dokotala amayi anawakaniza kuchoka kuntchito, ndiye ababa ndinawaperekeza ndine. Mu minibasi anakhala pafupi ndi chitseko mwendo uli tantha, kondakitala akuudumpha pa siteji iliyonse uku akung'ung'udza.

Chipinda cha dokotala chinkanunkha sipiriti ndi polishi. Dokotalayo anali mayi wamfupi wovala magalasi. Anatenga kapulasitiki konga kamene tinkayezera makona pa masamu, anayeza bondo, n'kupukusa mutu.

"Bambo, zija tinakuuzani mukumachita?"

"Tsiku lililonse, adokotala."

Mpaka lero sindidziwa chimene chinandigwira pakamwa. Ndinangomva mawu anga akutuluka: "Koma ababa, pepala lija si lili pansi pa wailesi?"

Ababa anayang'ana pansi. Dokotala sanakalipe. Anafotokoza kuti bala likamapola, m'kati mumamera zipsera, ndipo bondo likangokhala osapindidwa, zipserazo zimagwirana n'kulimanga. Anati mpata unalipobe, koma tikachedwa zikhwima, ndipo mwendo ukhoza kutsala choncho.

"Ndiye mundidulanso?" anafunsa ababa, mawu ali pansipansi.

"Ayi, mpeni palibe. Tikugonetsani ndi mankhwala, ine ndipinde bondoli ndi manja mpaka zipserazo zilekane. Koma mukadzuka, ntchito yotsalayo ndi yanu. Mukaizembanso, liumanso."

Njira yonse yobwerera sanandiyankhule. Ine misozi inali m'maso, poganiza kuti ndawagulitsa ababa anga kuti akawathyole mwendo. Titafika anakhala pampando wawo nthawi yaitali, kenaka anandiitana. Ndinapita ndikudziwa kuti kuli mkwapulo. Iwo anangonyamula wailesi, kutulutsa pepala lija, n'kulikuntha fumbi.

"Tiyamike, wandichititsa manyazi lero. Koma wonama ndinali ine. Amayi ako ndiwauza ndekha."

Anawauzadi, ine ndili pomwepo. Amayi anangoti "Mhm," koma "mhm" ameneyo anali wolemera kuposa chilango chilichonse chimene ndinalandirapo.

Ababa anawagonetsa sabata yotsatira. Ine ndi amayi tinadikira pabenchi yozizira ya m'khonde la chipatala, amayi atagwira korona. Ndinkayembekeza tsiku lathunthu, koma sipanapite nthawi yaitali tinaona akuwakankha pa kabedi, maso ali lembwe, akufunsa nesi ngati wamaliza kupinda buluku la kasitomala. Bondo linatupa ngati dzungu. Tsiku lomwelo anabwera wophunzitsa mafizo n'kuyamba kulipinda, mankhwala opha ululu asanathe mphamvu.

Zimene zinatsatira kunyumba ndi zimene ndimanyadira. Ababa ankakhala pamkeka, kukulunga thaulo kuphazi, n'kumakokera chidendene kwa iwo pang'onopang'ono. Ankabuula mpaka aneba kusuzumira pa mpanda. Kanali koyamba kuwaona akulira, misozi ikulowa m'ndevu. Nditafuna kuthawira kuseri anati, "Khala pomwepo uone." Sanadumphepo tsiku, ngakhale Lamulungu, ngakhale tsiku limene kunali maliro pafupi. Anachoka pamkeka n'kuyamba kukhala pampando wamtali, kenaka wamfupi, kenaka kukwera ndi kutsika masitepe atatu a pakhomo pathu mpaka dzuwa kupendeka.

Titabwereranso kuchipatala, dokotala uja anayeza kawiri, ngati sakukhulupirira kapulasitiki kake. Kenaka anatsegula chitseko n'kuitana manesi awiri kuti adzaone. Ababa anapinda mwendo, kuwongola, kupindanso, akumwetulira ngati mwana wakhoza mayeso. Dokotala atawayamikira, iwo analoza ine.

"Muthokoze mlonda wangayu. Sadziwa kusunga chinsinsi."

Onse anaseka. Ine ndinabisa nkhope m'manja, koma mumtima ndinatalika kuposa chitseko chija. Mwezi wotsatira ababa anabwerera ku Limbe, ndipo anasoka zaka zina zambiri.

Lero zinthu zinasintha. Atelala a m'makonde anachepa, anthu akuvala za kaunjika, ndipo wodwala safunanso pepala la tianthu, amangoonera pafoni mmene angapindire mwendo. Koma foni simugwira munthu dzanja ululu ukafika. Ababa tsopano ndi nkhalamba ya imvi mbuu, ndipo akamva kuti wina waikidwa bondo, sadikira kuitanidwa. Mwezi wathawu anakwera minibasi ziwiri kupita ku Nancholi kwa mayi wina wa kutchalitchi kwathu, atanyamula thaulo m'jumbo. Madzulo ake mayiyo anandiimbira foni akupumira m'mwamba.

"Atiyamike, abambo anuwa ndi ankhanza! Andiliza tsiku lonse. Ndiye akuti abweranso mawa."

Ndinawafunsa ngati ndiwaletse ababa kubweranso.

"Ayi, asiyeni abwere. Lero ndakhala pampando bondo litapindika."