Maulendo Anayi Chifukwa cha Filimu Imodzi

Chaka chimene bambo a kunyumba anathyoka mwendo atagwa pa njinga, ndinaphunzira zinthu zimene sindinkazifuna n'komwe. Anawaika chikhakha, ndipo munthu wozolowera kudimba akangokhala pakhomo amavuta kuposa khanda. Tsiku lina anandipatsa fulashi.

"Mayi, mukandiikitsire filimu ya nkhondo ija anzanga akuikamba. Ku Naisi amabena mafilimu."

Kuchokera kwathu kufupi ndi mishoni, kabaza mpaka kumsewu, kenako minibasi. Wobenayo anali bambo wachisilamu, waulemu kwambiri, ndipo sanachedwe. Nditafika kunyumba, TV inangolemba Chingerezi choti fayiloyo siikuidziwa.

Mawa lake ndinabwerera.

"Pepani mayi, ndinakuikirani ya MKV. TV yanu iyenera kuti ndi yakale, imafuna MP4."

"Nanga bwanji simunandifunse?"

"Inunso simunanene."

Ndikananena bwanji chinthu chimene ndinali ndisanachimvepo chibadwire?

Ulendo uno zithunzi zinabwera zowala bwino, koma mawu zii. Mabomba ankaphulika mwakachetechete, asilikali akungoyasamula ngati nsomba. Bambo a kunyumba anandiyang'ana n'kufunsa ngati ndinaigwetsa fulashiyo m'njira. Ndinawafunsa ngati akuganiza kuti mawu amatayika ngati mtedza m'thumba lobooka.

Ulendo wachitatu unali Lachisanu. Ndinapeza atatseka, ali kumzikiti, ndipo ndinadikira pakhonde dzuwa likuswa mtengo. Atabwera anandifotokozera modekha kuti MP4 ndi thumba chabe, koma mawu a m'katimo amamangidwa mosiyanasiyana, ndiye TV zina sizitha kumasula. Kudekha kwawoko n'kumene kunkandipsetsa mtima kwambiri. Anandipezera ina yaing'ono, akuti imeneyi siikana paliponse.

Zoonadi siinakane. Mawu analipo, koma nkhope za anthu zinali timabokosi tokhatokha. Msilikali ndi mtengo osasiyana.

"Ameneyu wafa kapena wagona?" anafunsa bambo a kunyumba.

"Ndi galimoto imeneyo," ndinatero.

Ulendo wachinayi ndinanyamula TV yeniyeniyo, nditaikulunga m'chitenje, anthu mu minibasi akundifunsa ngati ndikusamuka. Ndinaiika pa tebulo la wobena uja.

"Muyesere pompano. Sindichoka."

Anaseka, n'kunena kuti ya timabokosi ija inali ya 240, yochepa kwambiri, ya 1080 ingailemere, koma ya 720 ikhala bwino. Tinayesa zitatu. Yachitatuyo inayankhula, nkhope zikuoneka mpaka thukuta.

Ndinafika kunyumba msana ukuwawa, ndinalumikiza zonse, n'kuwaikira pilo kumwendo. Asilikali asanatsike n'komwe mu ndege, ndinamva mkonono. Ndinawagwedeza kawiri, osadzuka. Ndinaonera ndekha mpaka kumapeto, mano ali gwa, chonsecho za nkhondo sindizikonda.

Atadzuka anafunsa kuti apambana ndani. Ndinawauza kuti sindinaonetsetse, ndipo ndinatenga khasu kupita kudimba, kumene mpiru unali utafota masiku anayi onsewo.